Rauta Yomaliza ya ku Matero

"Ndiwe unamupatsa labu yanga, Dyton. Ndiwe! Usayangane pansi, pansi palibe vako. Yangana ine."

Tiyanjane ananena zimenezi ali chilili pakhomo la holo ya tchalitchi ku Kalingalinga, dzuwa la Loweruka masana likuwotcha malata. Anzawo a m'gulu lophunzira za manetiweki ankatuluka mmodzimmodzi, aliyense mwadzidzidzi atapeza kuti chingwe cha nsapato yake chamasuka. Dyton, mnyamata amene amalume ake ankayenera kubweretsa mbale zofunsira ukwati kwa makolo a Tiyanjane Loweruka lotsatira, anangokumbatira chikwama chake ngati pali wofuna kumulanda.

"Tiya, chepetsako mau. Banthu bamvela."

"Bamvele! Mukati muja pamene ninafuna kuti bamvele, unali kuti? Banakusoka pakamwa?"

"Tizakamba kunyumba."

"Nyumba iti? Ya bamai bako, kwamene nikafika nikhala pa sitepu monga nabwela kugulitsa tomato?"

"Sininamupatse. Nalumbila, Mulungu aona."

"Mulungu musiye, ali na vambili vochita. Ine nafunsa iwe."

Dyton anabwezanso maso pansi. Tiyanjane anamudikira mpaka anamva manyazi ndi kudikira kwake komwe. Kenaka anatembenuka n'kulunjika kokwerera basi, akuponda fumbi ngati nalonso lamulakwira.

*

Kuti mumvetse chimene chinamupsereza mtima, muyenera kudziwa kuti labu n'chiyani.

Rauta ndi bokosi limene limalozera mauthenga njira pa netiweki, ngati kondakitala wodziwa kumene basi iliyonse ikupita. Wofuna kukhoza mayeso a satifiketi ayenera kuigwira tsiku ndi tsiku, koma rauta zenizeni za m'makampani si zinthu zoti mwana wa m'komboni angaike pa tebulo. Choncho ophunzira amatenga imeji, ndiye kuti pulogalamu ya m'kati mwa rautayo, n'kuidzutsa mu laputopu. Ikadzuka imachita zonse ngati rauta yeniyeni. Ukadzutsa zingapo n'kuzilumikiza, imeneyo ndiye labu.

Kunena n'kosavuta. Maimeji ambiri oyenda m'magulu a pa foni ndi odwala. Ina imadzuka n'kukomoka pakati pa ntchito, ina imadya mphamvu yonse ya laputopu mpaka kuuma, ina umaikoka pa intaneti usana wonse magetsi n'kuthima itatsala pang'ono. Tiyanjane, amene ankagwira ntchito pa shopu ya fotokope mumsika wa Matero, anatha miyezi isanu ndi iwiri akuyesa imodziimodzi pa laputopu yake yakale, yotentha ngati ayironi. Palibe anamuphunzitsa. Ku koleji sanapondeko. Ankawerenga manotsi amene anthu ankabweretsa kuti awakopere, ndipo anapeza imeji yopepuka yoti marauta asanu ndi imodzi n'kudzuka limodzi laputopu osafa.

Dyton ndi amene anamusinthira fani yoziziritsa laputopuyo pa kashopu kake kokonza mafoni ku Kamwala, ndipo chibwenzi chinayambira pomwepo. Mnyamatayu analemba mayeso kamodzi n'kulephera. Ndiye Tiyanjane anamumangira labu yakeyake. Marauta anawapatsa mayina a makomboni: Chawama, kwawo kwa Dyton, ndiye poyambira, kenaka Kanyama ndi George, Kalingalinga ndi Mtendere anaziika zongosocheretsa, yomaliza inali Matero, kwawo kwa Tiyanjane. Pa rauta iliyonse anawononga chinthu chimodzi dala.

"Ukonze njila yonse na manja yako," anamuuza pomupatsa fulashi. "Ukafika ku Matero, pali loko. Ukatsegula, uzapeza vamene nakusungila."

Pasiwedi ya lokoyo anamunong'oneza m'khutu: nambala ya minibasi imene inawafera panjira mvula ikugwa tsiku loyamba kuyenda limodzi, kuphatikiza dzina la galu wa Tiyanjane amene anafa kalekale. Dyton anaseka mpaka misozi. Kuchokera tsiku limenelo padutsa miyezi iwiri.

M'gulu lawo palibe ankadziwa za chibwenzicho. Dyton ndi amene anapempha choncho. "Mbale zikafika, tizauza aliyense. Bamai bakali kuvuta, tisabapatse pogwila." Tiyanjane anavomera, ngakhale kubisidwa kunkamuwawa ngati nsapato yothina.

Ndiye lero m'mawa, inali nthawi ya Emelda yoonetsa labu. Emelda wa ku Kaunda Square, wa dipuloma, woimba kwaya m'tchalitchi chimodzi ndi amayi a Dyton, wa laputopu yatsopano yosamveka n'komwe kupuma. Analumikiza pulojekita n'kunena modzichepetsa kuti, "Nagwilapo miyezi iwili, munikhululukile ngati pali volakwika."

Marauta asanu ndi imodzi anaonekera pakhoma. Mayina anali atasinthidwa, tsopano anali R1 mpaka R6. Koma mayi sasokonezeka ndi mwana wake chifukwa choti wavekedwa malaya ena. Tiyanjane anaona imeji yake, manambala ake, chilema chimene anaika pa Kanyama, msampha umene anatchera pa George. Emelda anakonza zonse mosadodoma, anthu akuwomba m'manja. Atafika pa yomaliza, zala zake zinathamanga pa mabatani, loko n'kutseguka, ndipo pakhoma panatuluka mawu akuluakulu:

*Dyton, ngati ubelenga ivi, wafika kwathu. Njila yonse wakonza na manja yako. Manje bwela na mbale, bamai bakuyembekeza. Ndine wako.*

Holo inaphulika. Ena nthungululu, ena kumenya matebulo. "Ba Dyton! Kansi ni so? Muchita vinthu pansi pansi!"

Emelda anaphimba nkhope ndi manja. "Mayo ine, naibala kufuta!"

"Labu iyo ni yanga!" Tiyanjane anadzimva yekha akukuwa, ataimirira kumbuyo. "Na mau ayo ni yanga!"

Kuseka kunasintha mtundu. A Chisenga, mtsogoleri wa gululo, bambo amene manotsi ake onse amakopedwa ndi manja a Tiyanjane, anamuyang'ana pamwamba pa magalasi. "Ba Tiyanjane, labu iyi si ya masebela. Marauta sikisi? Imwe? Muli na umboni?"

Laputopu yake inali kunyumba, chifukwa batire yake inkangokhala mphindi khumi basi.

"Funsani Dyton," anatero.

Holo yonse inatembenukira kwa Dyton. Iye maso anali adakali pakhoma, milomo ikugwedera pang'onopang'ono ngati mwana wowerenga pa bolodi. Kenaka anawerama n'kumayang'ana nsapato zake.

"Nsanje mwandi," wina ananong'ona mokweza dala. A Chisenga anati tiyeni tipitirize.

Ndi mmene dzikoli lilili. Wa pepala akaba, amati wachita kafukufuku. Wopanda pepala akati ndi changa, amamufunsa umboni.

*

Atafika kunyumba, Tiyanjane anapeza amayi ake, a Magdalene, akusita zitenje zimene anasungira Loweruka likudzalo. Mipando anali atapempha kale kwa oyandikana nawo. Tiyanjane anafotokoza zonse ataima pakhomo, chikwama chidakali paphewa.

A Magdalene sanasiye kusita. "Ndiye unakuwa pa banthu?"

"Nanga nikanaimba nyimbo?"

"Pakamwa pako apo, Tiya. Bamake uja mnyamata bafuna chabe chifukwa. Unamvela vamene banauza bamalume bake: ati ambuye bako banabwela na sitima kuchoka ku Nyasalandi, ati tilibe munzi, ati mulandu ukabuka bazakambila kuti. Ise tabadwila muno mu Matero, tashika banthu bathu mu manda ya muno, koma tikali balendo. Manje iwe ubapatsa mfuti."

"So nikhale chete banibele?"

"Khala chete masiku seveni. Mbale zikalowa mu nyumba ino, ukuwe mwamene ufunila."

Tiyanjane analowa kuchipinda. Foni inalira asanavule n'komwe nsapato. Anali Dyton.

*Tiya napeza. Ni ba Judith. Banatenga fulashi mu dilowa yanga, bamai ndiye banabatuma. Ine sininazibe.*

Judith anali mlongo wake wamkulu wa Dyton, amene chilichonse chimene amayi awo anena, iye amachinyamula ndi manja awiri. Zinali zotheka. Tiyanjane anamva mtima wake ukufewa, ndipo anakwiya nawo chifukwa chofewa msanga.

*Nanga mu holo?* analemba.

*Ninachita mantha. Nikananyazitsa Emelda pa banthu, bamai sembe bamvela lelo lomwe, mbale sembe sizibwela. Ninachitila ise, Tiya.*

*Unachitila ise. Ine baniseka, iwe uchitila ise.*

*Sole. Nizakonza. Nikukonda, uziba.*

Tiyanjane anakumbukira milomo ya Dyton ija ikugwedera mu holo, ngati ya munthu wowerenga koyamba.

*Mau yanga yaja unayaona liti poyamba?*

*Kudala. Sabata yatha. Ninafuna kulila.*

*Pa George chinali chani cholakwika?*

Foni inaonetsa kuti wawerenga. Inaonetsa kuti akulemba. Inasiya. Inayambanso. A Magdalene anamaliza kusita, anapinda zitenje, anakaika madzi pa mbaula. Pamapeto pake uthenga unafika.

*Netiweki yavuta kuno. Tizakamba mailo.*

Tiyanjane anaseka kuseka kouma. Munthu wophunzira za netiweki, ponama n'kunamizira netiweki yomweyo.

*

Lamulungu m'mawa anakana kupita kutchalitchi. A Magdalene anatuluka akung'ung'udza, ndipo nyumba itakhala zii, Tiyanjane analumikiza laputopu kukhoma n'kudzutsa labu yake. Fani ya Dyton inayamba kulira. Chawama inadzuka, Kanyama, George, zonse ndi mayina awo enieni. Ankafuna kujambula umboni woti akaponye m'gulu la pa foni, a Chisenga akautafune.

Anatsegula Matero. Loko anafunsa pasiwedi. Zala zake zinayamba zokha, nambala ya minibasi, dzina la galu.

Zinaima pakati.

Pasiwediyi sinalembedwe paliponse. Mu fulashi munalibe. M'kati mwa rauta anaisunga yosokonezedwa, mzere wa zilembo zopanda tanthauzo woti ngakhale a Chisenga atauyang'ana chaka chonse sangatolepo kanthu. A Judith akanatha kuba fulashi, inde. Akanatha kuba dilowa yonse, ngakhale nyumba. Koma chimene chinanong'onezedwa m'khutu sichikhala mu dilowa.

Ndipo Emelda anailemba osayang'ana papepala.

Apo m'pamene chachiwiri chinamufika, chozizira kuposa choyamba. Munthu saonetsa labu pagulu asanaiyese kunyumba kakhumi. Emelda anatsegula loko ameneyu kambirimbiri. Mawu aja anawawerenga kambirimbiri. Anakhala pansi n'kusintha mayina a marauta onse asanu ndi imodzi, kufufuta Chawama, kufufuta Matero, kufufuta chilichonse chonunkha Tiyanjane, koma mizere inayi ija anaisiya. Sanaiwale. Anaisunga ngati mmene munthu amasungira diresi la tsiku lalikulu.

Sanabe labu yokha. Anaba mawu a Tiyanjane n'kufunsira nawo mwamuna wake pamaso pake.

Tiyanjane anatseka laputopu osazimitsa, anaikulunga m'chitenje pamodzi ndi chingwe chake, n'kutuluka.

*

Ku Chawama anafika anthu atangoweruka kutchalitchi. Pakhonde la nyumba ya kwa a Dyton panali a Philomena, amayi ake, atakhala pa mpando wa pulasitiki, duku la chigwirizano lidakali kumutu. Pambali pawo, pa mpando winanso, osati pa sitepu, panali Emelda mu yunifolomu ya kwaya, akumwa tiyi m'kapu ya alendo. A Judith ankasenda mtedza pansi. Dyton anali atatsamira chitseko, ndipo atamuona anaongoka ngati wagwidwa ndi magetsi.

Tiyanjane anagwada bwinobwino, anawomba m'manja. Pa ulemu sanafune kuti amupezerepo chifukwa.

"Muli bwanji, bamai?"

"Tilipo." A Philomena sanamuyang'ane. "Ba fotokope. Mwabwela na vokopa pa Sondo?"

Emelda anasekera m'kapu.

"Nabwela na funso, bamai."

"Mwachita bwino kubwela, mwatipulumutsa transipoti. Vamene vinachitika ku Kalingalinga tamvela. Chalichi yonse yamvela. Mwana wa banthu uyu," analoza Emelda ndi chibwano, "dzina yake manje yamangika na ya mwana wanga pa banthu. Makolo bake tibaziba, munzi wao ku Katete tiuziba. Ndiye nauza bamalume bake Dyton kuti bayambe bayembekeza. Mbale ziliko, sizinathyoke. Koma njila yamene zizayenda, tikali kuganiza."

Tiyanjane anaganiza za zitenje zopindidwa, za mipando yopempha. Anayang'ana Dyton. Dyton anayang'ana mtedza.

"Ba Judith," Tiyanjane anatero, mawu ake ali phee moti iye mwini anadabwa, "ati ndimwe munatenga fulashi yanga?"

A Judith anaponya maso kwa amayi awo kaye. "Ehe, ndine. Nanga? Inali mu nyumba yathu."

"Chabwino. Zikomo pokamba."

Anamasula chitenje, anaika laputopu pa sitepu, pamalo pake pa masiku onse, n'kuitsegula. Fani inalira. Pa sikirini panali mzere umodzi wokha, loko wa Matero akudikira.

"Batire yanga ni ya maminitsi teni, so sinizakutayilani nthawi. Ba Judith, munatenga fulashi. Tsegulani apa."

"Ine niziba chani vamakompyuta?"

"Simuziba. Na fulashi siziba. Pasiwedi iyi siinalembeke pa pepa, siili mu foni, siili mu dilowa. Inachoka pakamwa panga, inangena mu khutu imozi chabe pa chalo chonse." Anatembenukira kwa Emelda. "Iwe unailemba dzulo monga ni dzina yako. Unaitenga kuti?"

"Iwe mwana," a Philomena anadula, "pano si pa polisi."

"Pepani bamai, pa polisi sembe banipatsa mupando."

A Judith anasiya kusenda. Emelda anaika kapu pansi mosamala, anapukuta pakamwa ndi chala, ndipo anamwetulira kumwetulira kwa munthu amene wakhala akudikira funso limeneli.

"Tiya, mwandi, usazivute. Anabwela yeka kwathu. Ma Sondo yanai. Ati namangika pa Kanyama, sinifuna Tiya azibe kuti nakangiwa, azaniona monga chipuba chopanda nzelu. Nenze kumuthandiza chabe." Anakonza kolala ya yunifolomu. "Pasiwedi ananiuza mu khutu. Ati ni mwamene iuzidwila. Galu wako anali na dzina yabwino, shuwa."

Mawu amenewo ndi amene analowa mpaka m'fupa. Osati labu, osati holo. Galu. Minibasi ija, mvula ija, awiriwo akuyenda wapansi nsapato zili m'manja, zonsezo Dyton anakazipereka ku Kaunda Square kuti agule nazo njira yachidule yofikira kwa Tiyanjane.

Miyezi iwiri, ndipo Dyton sanadutse n'komwe pa Kanyama. Mawu amene Tiyanjane anamulembera anawaona koyamba pakhoma la holo, pa pulojekita ya mkazi wina.

"Tiya," Dyton anayamba, "nenze kufuna chabe nifike. Nenze na nsoni. Sininazibe kuti mukati muli..."

"Sunazibe chifukwa sunafike. Sembe unaniuza kuti wakangiwa, sembe nakhala na iwe mpaka wakwanisa. Nenze kuzakuseka, ehe, koma nenze kuzakhala." Anaimirira, mawondo ali ndi fumbi, osalipukuta. "Ivo visiye. Va ma Sondo yanai tizakamba tsiku ina, ngati ikaliko. Lelo nifuna chimozi."

Analemba pasiwedi. Loko anatseguka, mizere inayi ija n'kutuluka. Ananyamula laputopu yotenthayo ndi manja awiri n'kuitembenuzira kwa a Philomena, kenaka kwa mwana wawo. Pakona pa sikirini kachizindikiro ka batire kanali katafiira kale.

"Bamai bakonza kupeleka mbale kwa munthu wamene analemba mau aya. Chabwino, na ine nivomela. Zipite kwa wamene analemba. Dzulo ba Chisenga banafuna umboni, nati funsani Dyton, iwe unayangana nsapato. Lelo bamai bako bali apa, ba Judith bali apa, uyu ali apa. Kunyumba bamai banga basita vitenge."

"Dyton, ngena mukati," a Philomena analamula.

"Asangene!" Mawu a Tiyanjane anamveka mpaka kuseri kwa mpanda, kumene mitu ya oyandikana nawo inali itayamba kale kusuzumira. "Akangena osakamba, ndiye kuti wakamba. Dyton, dzanja ichoke pa chitseko. Yangana apa, belenga, ikalibe kuzima. Analemba mau aya ni ndani? Kamba dzina, bamai bako bamvele. Yankha!"